Chifukwa Chake Boma Limalanda Galimoto Zotuta Mchenga M'mitsinje

Munthu akaima pa chitunda cha Overport mumzinda wa Durban amaona nyumba zosanjikizana mbali zonse. Njerwa za simenti ndi pulasitala wa nyumba zotere zimafuna mchenga wambiri, ndipo wochuluka umachokera m'mitsinje yozungulira mzindawu monga uMngeni, uMdloti, Lovu ndi uMkhomazi. Alangizi ambiri amaiona nkhani ya mchenga ngati ya anthu a zomangamanga, chonsecho woyamba kulira mtsinje ukakumbidwa ndi mlimi wa kudimba.

M'chaka cha 2008 bungwe la kafukufuku la CSIR linapereka lipoti ku khonsolo ya eThekwini, imene imayang'anira Durban. Lipotilo linasonyeza kuti madamu akuluakulu, monga la Inanda pa uMngeni, amatsekereza pafupifupi gawo limodzi mwa magawo atatu a mchenga umene ukadafika kunyanja, ndiponso kuti okumba ankachotsa makiyubiki mita pafupifupi 400,000 pachaka. Mtsinje sungabwezere mchenga wochuluka chotere.

Pansi pa mtsinje pakakumbidwa, madzi amayamba kudya dothi chakumtunda kwa dzenjelo kuti adzaze pamene pachotsedwa. Mtsinje umazama, magombe amagumuka, ndipo madzi a pansi pa nthaka amatsika nawo. Apa ndipo pagona vuto la mlimi. Chitsime cha m'dimba chimene chinkasunga madzi chilimwe chonse chimaphwa msanga, paipi ya pampu imatsala m'malere, ndipo mizere ya masamba yoyandikana ndi gombe imagwera m'madzi mvula yoyamba ikagwa. Mabango amene ankachepetsa liwiro la madzi amakhala atapondedwa kale ndi matayala. Maenje otsalawo amadzaza madzi, ndipo ndi msampha kwa ana ndi ziweto.

Ku South Africa mchenga umawerengedwa ngati chuma cha m'migodi. Lamulo la migodi la 2002 limafuna kuti wokumba akhale ndi chilolezo, ndipo lamulo la madzi la 1998 limafuna chilolezo china kwa aliyense wosintha gombe kapena njira ya mtsinje. Kalata ya mfumu kapena ya mwini munda silowa m'malo mwa zilolezo zimenezi, ngakhale anthu ambiri amaganiza choncho.

Nanga bwanji kulanda galimoto, osangolipiritsa chindapusa? Wokumba mchenga mozemba alibe fakitale kapena malo okhazikika. Lero ali pano, mawa wasamukira kumtunda. Chindapusa chaching'ono amachibweza ndi maulendo ochepa a lole, koma popanda lole ndi makina okumbira ntchito yonse imaima tsiku lomwelo. N'chifukwa chake lamulo la zachilengedwe la 1998 limapatsa mphamvu oyendera zachilengedwe, odziwika ndi dzina loti Green Scorpions, kugwira galimoto ndi zipangizo zimene zagwiritsidwa ntchito pophwanya lamulo. Kugwira n'kosiyana ndi kulanda. Galimoto yogwidwa imasungidwa ngati umboni pamene mlandu uli mkati, ndipo ndi bwalo la milandu limene limagamula kuti ikhale ya boma.

Pali chinthu chimodzi chimene sichindisangalatsa pa njira imeneyi. Kawirikawiri wopezeka pamtsinje ndi dalaivala ndi anyamata a fosholo, pamene wogula mchenga ali phee m'tauni. Lole nayonso imatha kukhala yahayala. Mwini wake amayenera kukhutiritsa bwalo kuti sankadziwa ntchito imene galimoto yake inkagwira, ndipo miyezi yonse ya mlandu galimotoyo ili chiimire, ngongole ikukula.

Alangizi a ku Malawi, Zambia ndi Mozambique adziwe kuti zimene zikuchitika pa uMngeni zikuchitikanso pa mitsinje ya Lilongwe ndi Mudi. Pa msonkhano wa kalabu ya ulimi wothirira, fotokozerani eni mathirakitala ndi ngolo kuti asanavomere hayala yotuta mchenga ayambe aona chilolezo ndi maso awo. Mlimi amene akufuna kugulitsa mchenga wa m'mphepete mwa dimba lake muyende naye pagombe, muyeze limodzi kuya kwa madzi m'chitsime, muzike chikhomo mamita angapo kuchokera pagombe, ndipo mudzabwererenso pomwepo mvula ikatha.