Chuma chikhale m'manja, mtima ukhale kwa Allah

Pa ntchito yanga yophunzitsa Chisilamu kuno ku Mambo, mumzinda wa Gweru, pali funso limene silitha kubwera: kodi kukonda Allah koposa zonse ndiye kuti munthu asiye geni, avale sanza, azingokhala mumzikiti? Ayi ndithu, chipembedzo chathu sichiphunzitsa zimenezo.

Ndikafunsidwa choncho ndimatsegula Qur'an pa Surat Tawba, ndime 24. Pamenepo patchulidwa makolo, ana, abale, akazi, mtundu, chuma, malonda ndi nyumba. Palibe n'chimodzi chomwe choletsedwa. Chenjezo lili pa kuzikonda kuposa Allah ndi Mtumiki wake, mtendere ukhale pa iye. Uthman bin Affan anali mpondamatiki, koma anagula chitsime cha Ruma ku Madina n'kuchipereka kuti aliyense azitunga ulere. Chuma anali nacho, koma sichinamulamule.

Ife a m'chigawo cha Midlands phunziroli tinaliona ndi maso. Agogo athu anachoka ku Mangochi ndi Machinga kudzagwira ntchito m'migodi ya Shurugwi, Zvishavane ndi Kwekwe. Ankatuluka pansi ali mbuu ndi fumbi, n'kutawadha, n'kuima pa swala. Mu 2008 ng'anjo za kampani ya zitsulo ya Zisco ku Redcliff zinazima, ndipo ndalama inasanduka mapepala: penshoni ya zaka zambiri sinkagula ngakhale buledi. Amene anatsamira ndalama yokha anasweka mtima. Amene anatsamira Allah anavutika nawonso, koma sanataye chiyembekezo.

Nanga munthu angadziyese bwanji? Mayeso ake ndi a tsiku ndi tsiku. Adhana ikamveka makasitomala ali pamzere, mumasankha chiyani? Ngati chuma chanu chafika mlingo wa zakaat n'kutha chaka, pa $1,000 iliyonse mumayenera kupereka $25. Kodi dzanja limanjenjemera? Pogula golide kwa makorokoza, anthu okumba golide paokha, sikelo yanu imanena zoona? Mnansi akabwera mwana wake ali m'chipatala, mumamubwereka mwachifundo kapena mwa katapira? Mayankho a mafunso amenewa ndiwo amaulula mwini mtima wanu.

Abale ndi alongo anga, gwirani ntchito molimbika, mangani nyumba, phunzitsani ana. Koma phindu likadzasemphana ndi lamulo la Allah, lisiyeni phindulo lipite.