MATENDA A KHUNYU SAYAMBUKIRA: MUCOTSENI PA MOTO

Mphepo ikayamba mu June ndi July, kucipatala timalandira anthu ambiri opsa ndi moto. Ku Kapata, ku Mchini, ku Nabvutika ndi m'makomboni ena a mu Chipata, mbaula imalowa m'nyumba madzulo ndipo banja lonse limaizungulira. Ena mwa opsawo ndi ana okwawa, koma ena ndi anthu amene anagwera pa moto khunyu litawagwira.

Sindidzaiwala mtsikana wina wa zaka 14 amene ndinathandiza. Anagwa ali kuphika nsima, dzanja lamanja nkulowa mu mbaula. Pakhonde panali anthu atatu, koma onse anaima patali kufikira kugwedezeka kutatha. Nditafunsa azakhali ake cifukwa cake, anati, "Adokotala, tinaopa thobvu. Amati likakukhudza, nawenso uyamba kugwa." Khunyulo linatha pasanapite mphindi zitatu, koma zala ziwiri za mwanayo zinapindika ndipo sizidzaongokanso. Cinamulemaza ndi moto ndi mantha a anthu.

KODI KHUNYU NCIANI?

Bongo umagwira nchito ndi mphamvu yaing'ono yamagetsi imene imanyamula mauthenga kupita ku ziwalo zonse. Nthawi zina magetsiwo amasokonezeka mwadzidzidzi, monga mawaya akakhudzana m'nyumba. Pamenepo munthu amagwa, amauma thupi, amagwedezeka, amaturutsa thobvu, mwina amadzikodzera. Ena sagwa konse. Amangoyang'ana malo amodzi kwa kanthawi, kapena kutafuna popanda cakudya m'kamwa, osamva powaitana. Timati munthu ali ndi khunyu akagwidwa kawiri kapena kuposa, pa masiku osiyana, popanda malungo kapena cifukwa cina coonekera.

Bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO likuti anthu pafupifupi 50 miliyoni ali ndi matendawa. Zoyambitsa zimene timaona kuno ndi kubvutika kwa mwana pobadwa, malungo a m'bongo, matenda oumitsa khosi, kubvulala m'mutu pa ngozi ya galimoto kapena njinga, sitiroko, ndiponso matenda amene amalowa m'bongo HIV ikafooketsa thupi. Kwa ambiri cifukwa sicipezeka.

Kuno kum'mawa kumene timaweta nkhumba zambiri kulinso bvuto lina. Nyama ya nkhumba yokhala ndi masese, ngati siinapse bwino, imabweretsa njoka yaitali m'matumbo. Mazira a njokayo amaturukira m'cimbudzi ca munthu. Wina akawameza kupyolera m'manja osasamba, m'madzi kapena m'zakudya, angathe kukakhazikika m'bongo ndi kuyambitsa khunyu, ngakhale munthuyo sadya nkhumba.

Onani kuti thobvu, malobvu, mkodzo kapena mpweya wa wodwala khunyu sizipatsira munthu khunyu. Ife ndi anamwino timawagwira ndi kuwapukuta tsiku ndi tsiku, ndipo palibe amene anayamba kugwa cifukwa ca ico.

ZOCITA MUNTHU AKAGWA

Coyamba, mukokeni msanga ngati ali pafupi ndi moto, madzi kapena mseu. Ikani citenje copinda kunsi kwa mutu wake ndi kumasula kolala kapena lamba. Kugwedezeka kukacepa, mugonekeni cam'mbali kuti malobvu aturuke ndipo apume bwino. Yang'anani nthawi imene wayambira.

Musamupanikize kuti aleke kugwedezeka. Musaike sipuni, kamtengo kapena cala m'kamwa mwake. Munthu sangameze lilime lake, koma sipuni imathyola mano. Musamumwetse madzi, phala kapena mankhwala asanatsitsimuke bwino, cifukwa zimalowa m'mapapo. Akadzuka amakhala wotopa ndi wamanyazi. Uzani anthu oonerera acoke, inu mukhale naye.

Thamangirani kucipatala ngati kugwedezeka kwapitirira mphindi 5, ngati wagwidwanso asanatsitsimuke, ngati wapsa kapena wabvulala, kapena ngati nkoyamba. Mai wapakati akagwidwa ndi ngozi yaikulu kwa iye ndi mwana. Mwana wamng'ono amene wakomoka thupi litatentha kawiri-kawiri si khunyu, koma abwere tsiku lomwelo kuti timupime malungo.

KUCIPATALA

Wodwala akafika ali cigwedezekere, timatsegula njira yopumira, timamupatsa diazepam, ndipo timapima shuga ndi malungo m'magazi. Anamwino amamugoneka cam'mbali pa bedi lokhala ndi zochinga, amaona mapumidwe ake ndi kulemba nthawi iriyonse imene wagwidwa. Wodwala sakumbukira zimene zinacitika, motero abwere ndi munthu amene anaona. Kanema wojambula pa foni amatithandiza kwambiri, malinga wina akhale akusamalira wodwalayo.

Mankhwala alipo: phenobarbitone, carbamazepine, phenytoin ndi sodium valproate. WHO ikuti anthu okwana 7 mwa 10 alionse angathe kuleka kugwa akalandira mankhwala oyenera. Amamwedwa tsiku liri lonse, ngakhale pamene muli bwino. Kuleka mwadzidzidzi kumabweretsa khunyu lamphamvu losalekeza limene lingaphe, conco pitani kukiliniki mapiritsi asanathe. Munthu akakhala zaka 2 osagwa, adokotala ndiwo angaone ngati nkotheka kucepetsa pang'ono-pang'ono.

Tiuzeni ngati mukumwa ma ARV kapena mukugwiritsa nchito njira yakulera, cifukwa ena mwa mankhwalawa amacepetsa mphamvu yake. Mai amene afuna kutenga pakati ayambe wabwera kukambirana nafe, pakuti sodium valproate ingathe kuononga mwana m'mimba. Mukaona zidzolo pathupi mutayamba mankhwala, bwerani tsiku lomwelo.

Anthu ena amati wakhunyu akapsa ndi moto sangacirenso, ndipo amaleka kumutengera kucipatala. Zimenezi si zoona. Mtsikana uja anayamba mankhwala ali mu wodi, kugwa kunacepa, ndipo anabwerera kusukulu. Tsopano amalemba ndi dzanja lamanzere.

PANYUMBA

Wodwala asaphike kapena kuotha moto ali yekha. Asatunge madzi pa citsime kapena pa mtsinje popanda mnzake, asakwere mtengo kapena denga, ndipo posamba asakhome citseko. Mowa ndi kucezera usiku kumautsa khunyu. Koma adye m'mbale imodzi ndi banja, apite kusukulu, agwire nchito, akwatire kapena kukwatiwa. Makolo, uzani aphunzitsi ndi anansi anu zocita mwana wanu akagwa, kuti tsiku limene inu muli ku msika apezeke wina womucotsa pa moto.