Nkhope zawo sitinkaziona, koma ndiwo ankayendetsa kanema

Ndili mwana pa Njuli ku Chiradzulu, tinkadzazana pa nyumba ya aneba kuonera Tikuferanji. Manganya akangotulukira, tonse tinkakuwa. Koma mayina ang'onoang'ono oyenda kumapeto aja palibe ankawerenga. Tinali titathamangira kale kunsima.

Mwezi watha ndinakumana ndi mwini wake wa limodzi mwa mayina otere. Ndi bambo wa imvi amene anapuma pantchito, pano akulima nandolo kufupi ndi Mbulumbuzi. Anandipempha kuti dzina lawo ndisalilembe, akuti anazolowera kukhala kuseri.

Achinyamata ambiri sitidziwa kuti nthawi yonse ya Kamuzu Banda dziko lino linalibe wayilesi ya kanema. Television Malawi inayamba mu 1999, Bakili Muluzi ali pampando, ndipo situdiyo zake zinali ku Kwacha mu Blantyre. Kenako inadzaphatikizidwa ndi MBC. Ndiye ganizirani: anthu oyamba aja ankapanga zinthu zomwe ambiri mwa iwo sanakule akuziona.

Bambowa anayamba ndi kukoka mawaya, kenako anagwira kamera, mpaka anadzakhala dayilekita. Dayilekita sakhala pamaso pa kamera. Amakhala m'kachipinda kodzaza masikirini, mahedifoni kukhutu, n'kumauza wa kamera aliyense chochita. Iye ndi amene amasankha chithunzi chomwe chifike kunyumba kwanu. Pulogalamu ikakhala layivu, palibe zoti tibwereze. Ukachedwa pang'ono, dziko lonse liona mpando wopanda munthu.

Anandikumbutsanso kuti nthawi imeneyo zonse zinali pa matepi. Polumikiza zithunzi umayenda mwandondomeko, kuyambira poyamba mpaka pomaliza. Ukafuna kuwonjezera kanthu pakati, zonse zakutsogolo umazibwerezanso. Ine ndi digiri yanga ndinachita manyazi, poti pa CapCut ndimangokoka ndi chala basi.

Chomwe chinandikhudza n'chakuti adzukulu awo amakhalira TikTok tsiku lonse, koma sanawafunseko kuti agogo munkatani ku Kwacha. Nkhani za anthu ngati amenewa sizinalembedwe mokwanira. Akapita, zapita.

Pa 15 January chaka chilichonse, mwambo wokumbukira John Chilembwe umachitikira ku PIM konkuno. Mukamadzauonera pa foni, dzadzifunseni: ndani wasankha kuti pano tione kwaya, pano tione nkhata zamaluwa pa chipilala? Alipo munthu penapake, thukuta lili kamukamu, akuwerenga masekondi.

Ife opanga makanema a pa foni timafuna nkhope yathu ionekere, malayiki achuluke. Sizolakwika. Koma amene anakugwirira foni uja, amene anakonza mawu uja, umamulemba dzina?

Ndisananyamuke, ndinawaonetsa kavidiyo kanga ka msika wa Mbulumbuzi. Anakaonera kawiri, n'kuloza pomwe ndinadula mayi wina asanamalize kuseka. Usiku womwewo ndinakakonza.