Compositor: Katswiri Amene Ntchito Yake Ikakoma Simuiona

Mu filimu ya District 9, yomwe idatuluka mu 2009, chombo chachikulu cha zolengedwa za kudziko lina chimaoneka chitaima m'mwamba pamwamba pa mzinda wa Johannesburg. Pansi pake pali tinyumba ta malata, fumbi ndi anthu akuthamanga. Tinyumbato adatijambula ku Soweto, koma chombocho sichidakhaleko ayi, chidapangidwa pa kompyuta. Nanga bwanji maso athu amavomera kuti zonsezi zidali pamodzi pamaso pa kamera imodzi? Imeneyo ndi ntchito ya munthu wotchedwa compositor.

Compositor amalandira zidutswa zosiyanasiyana: kanema wa ochita sewero, zinthu zopangidwa pa kompyuta, utsi, moto, mvula ndi thambo. Iye amazisanjikiza mpaka zikhale chithunzi chimodzi chopanda msoko. Mkulu amene adatsogolera District 9, Neill Blomkamp, adabadwira ku Johannesburg mu 1979, ndipo asadayambe kutsogolera mafilimu ankagwira ntchito yopanga zithunzi za pa kompyuta ku Vancouver, m'dziko la Canada.

Kanema ndi manambala

Filimu ndi zithunzi zoima zimene zimasinthana mwaliwiro, 24 pa sekondi iliyonse. Ndiye kuti kachigawo ka masekondi 10 kali ndi zithunzi 240, ndipo chilichonse chiyenera kukhala bwino. Chithunzi chimodzi chimapangidwa ndi timadontho totchedwa mapikiselo. Sikirini ya Full HD ili ndi timadontho 1,920 chopingasa ndi 1,080 chotsika. Mukachulukitsa mupeza 2,073,600.

Kadontho kalikonse kamasunga manambala atatu: kuchuluka kwa mtundu wofiira, wobiriwira ndi wabuluu. Pa zithunzi wamba nambala iliyonse imayambira pa 0 kulekeza pa 255. Compositor amagwiritsa ntchito nambala yachinayi yotchedwa alpha, imene imanena ngati kadonthoko kakubisa zakumbuyo kapena ayi. Alpha ikakhala 1, kadontho kamatseka zonse ngati khoma. Ikakhala 0, zakumbuyo zimaoneka ngati palibe chotchinga. Ed Catmull ndi Alvy Ray Smith ndiwo adayambitsa nzeru imeneyi m'zaka za m'ma 1970, ndipo mu 1984 Thomas Porter ndi Tom Duff adalemba masamu ake mwadongosolo.

Masamuwo ndi oti mwana wa Fomu 2 angathe. Tiyerekeze kuti mukuika utsi patsogolo pa khoma. Kufiira kwa utsi ndi 200, alpha yake ndi 0.25, ndipo kufiira kwa khoma ndi 100. Chulukitsani 200 ndi 0.25, mupeza 50. Gawo lotsala, 0.75, lichulukitseni ndi 100, mupeza 75. Mukaphatikiza, yankho ndi 125. Kompyuta imachita zimenezi pa kadontho kalikonse, pa mitundu yonse itatu, pa chithunzi chilichonse.

Chifukwa chiyani nsalu yobiriwira?

Kuti adule munthu m'chithunzi, ojambula amamuimika patsogolo pa nsalu ya mtundu umodzi. Kenaka kompyuta imauzidwa kuti paliponse pamene pali mtundu umenewo, alpha ikhale 0. Njirayi imatchedwa chroma key, ndipo ndi yomwe ma TV ambiri amagwiritsa ntchito poika mapu kumbuyo kwa wolengeza zanyengo. Filimu ya The Thief of Bagdad ya mu 1940 idatchuka pogwiritsa ntchito nsalu yabuluu, makompyuta a mafilimu kulibe.

Masiku ano mtundu wobiriwira ndiwo wafala pa zifukwa ziwiri. Choyamba, khungu la munthu, kaya ndi lakuda kaya loyera, limapendekera ku mtundu wofiira, kutali ndi wobiriwira. Chachiwiri, m'makamera ambiri timaso tolandira kuwala kobiriwira tilipo kawiri kuposa tolandira kofiira kapena kwabuluu, choncho mtunduwu umajambulika mooneka bwino. Koma pali vuto lake: kuwala kumanjanja pa nsalu ija n'kudzagwera pa tsitsi ndi m'mapewa a wosewera. Compositor amayenera kuchotsa kubiriwira kumeneko popanda kuononga nkhope.

Sukulu yake ili pakhomo panu

Kudula chithunzi ndi chiyambi chabe. Luso lenileni ndi kudziwa khalidwe la kuwala, ndipo apa inu a ku Ntchisi ndi Dowa muli ndi labotale yaulere.

Tayang'anani mapiri masana. Phiri lapafupi limaoneka lobiriwira, mitengo yake mutha kuiwerenga. Lachiwiri limaoneka lotuwirako, pomwe lakutali kwambiri limaoneka labuluu. Si kuti kuli mitengo yabuluu ayi. Mpweya umamwaza kuwala kwabuluu kuposa kofiira, ndiye phiri likatalikira, pakati pa ilo ndi diso lanu pamakhala mpweya wambiri. Chombo cha mu District 9 chimakhulupirika chifukwa chimaoneka chotuwa ndi fumbi, ngati chinthu chimene chili kutalidi. Akadachisiya chakuda bii, aliyense akadazindikira kuti angochimata.

Onaninso nkhungu ya m'mawa ku nkhalango ya Ntchisi mu June ndi July, mmene imafafanizira mitengo yakumbuyo n'kusiya yakutsogolo. Onani chithunzithunzi chanu: m'mawa n'chachitali, masana chimafupika, kukachita mitambo chimazilala. Munthu woikidwa m'chithunzi popanda chithunzithunzi pansi pa mapazi amaoneka ngati akuyandama. Diso lozolowera zimenezi limakuthandizaninso pa foni. Mukalandira chithunzi chodabwitsa pa WhatsApp, yambani mwafunsa: kodi dzuwa lili mbali iti, nanga mithunzi yonse ikugwirizana nalo?

Amayamba bwanji?

Ambiri amayambira pa ntchito yotchedwa roto. Kumeneku ndi kulemba mzere kuzungulira munthu kapena chinthu, chithunzi ndi chithunzi, pamene padalibe nsalu yobiriwira. N'kotopetsa, koma kumaphunzitsa kudekha. Makampani akuluakulu monga DNEG, imene ili ndi maofesi ku London ndi ku Mumbai, amagwiritsa ntchito kwambiri pulogalamu ya Nuke. Polemba ntchito, chimene amafunitsitsa kuona ndi showreel, kanema wamfupi woonetsa zimene manja anu adapanga.

Mapulogalamu ena ndi aulere. Blender simulipira kalikonse, ndipo ndi imene Gints Zilbalodis wa ku Latvia adapangira filimu ya Flow, yomwe idapata mphoto ya Oscar mu 2025. DaVinci Resolve nayo ili ndi mtundu waulere wokhala ndi gawo la compositing lotchedwa Fusion.

Tisanamizane, ntchitoyi ili ndi minga yake. Imafuna kompyuta yamphamvu, magetsi odalirika ndi bandulo ya intaneti, zinthu zimene kwathu kuno n'zodula. Ngakhale kunja, filimu ikayandikira kutuluka anthu amachezera usiku, ndipo ganyu imatha filimu ikatha. Kampani ya Rhythm & Hues idalengeza kuti yagwa ndi ngongole mu February 2013, patangotsala masabata awiri kuti filimu ya Life of Pi, imene idagwirako ntchito, ipate Oscar ya zithunzi za pa kompyuta. Komabe luso lomweli limafunikanso pa makanema a nyimbo, zotsatsa malonda ndi mapulogalamu a pa TV.

Nkhani za kuno nazo zayamba kufika patali. Mu 2019 Netflix idaonetsa The Boy Who Harnessed the Wind, filimu ya Chiwetel Ejiofor yonena za William Kamkwamba wa ku Wimbe, m'boma la Kasungu. Adaijambula m'Malawi muno ndipo mbali yaikulu amalankhula Chichewa. Mu 2023 kudabwera Supa Team 4, makatuni a Malenga Mulendema wa ku Zambia, omwe nkhani yake imachitikira mu Lusaka wam'tsogolo. Nkhani zotere zikamachuluka, manja ozikonza pa kompyuta adzafunikanso.

Yesani sabata ino

Pezani nsalu yobiriwira yopanda maluwa, muikoke bwino isakhale ndi makwinya. Ipachikeni pamthunzi kuti kuwala kufanane paliponse. Mnzanu aime mapazi angapo kutsogolo kwake, asavale chobiriwira. Foni muikhazike pa njerwa isagwedezeke, mujambule masekondi 10. Kenaka jambulani phiri, dzuwa lili mbali yomweyo. Mu pulogalamu ngati CapCut sankhani chroma key, muchotse nsaluyo ndi kuika phiri kumbuyo.

Mukamaliza, aonetseni anzanu atatu osawauza kanthu, muwafunse chimene chikuwakayikitsa. Wina anena za tsitsi, wina za mapazi, wina za mtundu wa thambo. Lembani zonsezo, mupite nazo kwa aphunzitsi a Fizikisi, kenaka mujambulenso kachiwiri.