Kodi mumadziwa? Heliopolis inamangidwa pamchenga

Dera la Heliopolis, lomwe lero ndi limodzi mwa madera otchuka a mzinda wa Cairo ku Egypt, kale linali chipululu chokhachokha. Mu 1905, mpondamatiki wa ku Belgium, Édouard Empain, pamodzi ndi Boghos Nubar, anagula malowo kwa boma pamtengo wozizira. Nzeru za Empain zinagona pa njanji. Anayendetsa sitima zamagetsi kuti munthu azigona ku Heliopolis koma n'kumakagwira ntchito pakati pa Cairo.

Kumeneko kunkakhala Asilamu, Akhristu ndi Ayuda, ngakhale kuti olemera anali ndi misewu yawo, antchito nawonso yawo. Hotela yaikulu imene inatsegulidwa mu 1910, Heliopolis Palace, tsopano ndi nyumba ya pulezidenti. Empain anadzimangira nyumba yooneka ngati kachisi wa Ahindu, ndipo itakonzedwanso, inatsegulidwa kwa anthu mu 2020.

Chomvetsa chisoni n'chakuti cha m'ma 2019 ndi 2020, pokulitsa misewu ndi kumanga milatho ya magalimoto, anadula mitengo yambirimbiri n'kuzula njanji zotsala. Anthu okhala kumeneko anadandaula kwambiri, poti kuwoloka msewu wapansi kunasanduka chinthu choopsa.