Ulendo wa Tsiku Limodzi Kucokera ku Chipulukusu

Madzulo ano tikamba za ulendo. Suli ulendo wa ku Livingstone kapena wa ku Luangwa, umene ufuna malipiro a mwezi wathunthu ndi chuthi ca sabata, iai. Ndi ulendo wakuti anthu a mpingo umodzi, kapena a cilimba cimodzi, angathe kusonkha ndalama, kubwereka basi yaing'ono, kunyamuka ku Chipulukusu dzuwa litangotuluka ndi kubwerako lisanalowe. Mwa malo onse amene nditi ndichule, palibe amene ali kutali ndi Ndola koposa ulendo wa ola limodzi pa galimoto.

Koma ndiyambe ndi kukucenjezani. Malo amenewa sakopa maso monga mathithi a Mosi-oa-Tunya. Munthu wopita yekha adzaona citsa ca mtengo, thamanda la madzi, dzenje la mgodi wakale ndi culu, ndipo adzabwerera ali kudandaula za ndalama zace. Cimene cipangitsa malowa kukhala oyenera ulendo ndico mbiri yace, ndipo mbiriyo yambiri siinalembedwe pa zikwangwani. Iri m'kamwa mwa anthu. Cifukwa cace musanapangane ndi mwini basi, yambani mwapeza mtsogoleri, munthu wacikulire wobadwira kuno, wodziwa Cilamba kapena Cibemba bwino, amene angathe kulonjera mfumu ya mudzi mwaulemu ndi kufunsa zofunsa zanu. Mpando wace m'basimo mumlipirire ndinu.

Poyamba mudzaima m'tauni momwemo, pa mseu wa Makoli, pamalo pochedwa Slave Tree, ndiko kuti Mtengo wa Akapolo. Unali mtengo waukulu wa mupapa, umene kwathu kum'mawa ambiri amaucha msambamfumu, ndipo pa thunthu lace panamera mkuyu umene unaukulunga, kotero kuti ena amangouchula kuti Mukuyu. Pansi pa mthunzi wace, ca kumapeto kwa zaka za m'ma 1800, pankasonkhana Aswahili ogula anthu ndi minyanga. Maina amene akumbukika ndiwo Chipembere, Mwalabu ndi Chiwala. Apa ankagawana anthu amene anawagwira m'midzi ya Alamba, asanawamange m'magoli kupita nawo ku nyanja ya mcere. Ife a kum'mawa nkhani iyi siticita kuuzidwa, pakuti njira zimene zinapita ku Nkhotakota ndi ku Tete zinadutsa m'midzi ya makolo athu. Mu 1904 Mzungu wina, John Edward Stephenson, amene anthu anamucha Chirupula, anamanga boma pafupi ndi pamenepo, ndipo ndico ciyambi ca mzinda wa Ndola.

Mtengowo suliponso ciriri. Ciswe cinaudya m'kati kwa zaka zambiri, anthu ali kupita pansi pace m'mawa ndi madzulo, kufikira unagwa. Ana amene anabadwa utagwa kale sadzadziwa kukula kwace pokhapokha wina amene anauona atawatambasulira manja. Musacedwepo, theka la ola likwanira, ndipo kwerani basi kuloza kum'mawa.

Mseu wa ku Chiwala upita pakati pa fumbi loyera, cifukwa dera lonselo ndi la mwala wa laimu, umene makampani aukumba kuti apange laimu ndi simenti. Inu a ku migodi muudziwa laimu ameneyu, pakuti ndiye agwira nchito m'zigayo zoyeretsera mkuwa. Penyetsetsani mwalawo pamene muli kudutsa, cifukwa ndiwo udzakufotokozerani cimene muti muone pa mailosi ngati 10 kucokera m'tauni. Mudzatsika m'basi, mudzayenda pang'ono m'chire, osaona cizindikiro ciri conse ca madzi, ndipo mwadzidzidzi nthaka idzatha patsogolo panu. Pansi, m'dzenje lalikulu lozungulira la makoma otsetsereka, muli nyanja. Palibe mtsinje wolowamo, palibe mtsinje wotulukamo. Alamba anaicha Chilengwa na Lesa, ndiko kunena cinthu colengedwa ndi Mulungu, ndipo munthu akaima pamphepete pace sadabwa kuti anaicha motero.

Kodi nyanja yotere ipangika bwanji? Madzi a mvula, pamene ali kugwa ndi pamene ali kulowa m'dothi la masamba oola, atenga mpweya umene uwapatsa kaukali pang'ono. Kaukali kameneka ndi kocepa, lilime silingakamve, ndipo pa mwala wolimba sikacita kanthu. Koma mwala wa laimu usungunuka nako, monga mcere usungunuka m'mphika, kungoti pang'onopang'ono, pa zaka zikwi zambiri. Madziwo atsata ming'alu ya mwala naikulitsa, mng'alu usanduka ngalande, ngalande isanduka phanga, ndipo phangalo likula mumdima, pamwamba pace mitengo iri kumera ndi anthu ali kulima osadziwa. Tsiku lina denga la phanga licepa mphamvu, ligwa. Dzenje likafika pamene pali madzi a pansi pa nthaka, madziwo aonekera, ndipo ndiyo nyanja. Munthu amene anagwirapo nchito pansi pa mgodi, amene anaona denga liri kucirikizidwa ndi mapampu ali kulimbana ndi madzi usiku ndi usana, adzamva zimenezi msanga koposa mphunzitsi wa sukulu.

Motero madzi a Chilengwa sali madzi oima monga a m'cithaphwi. Ali mbali ya madzi amene ayenda m'miyala pansi pa dera lonse, ndipo akwera ndi kutsika potsata mvula ya zaka. Inu a ku Chipulukusu, amene mukhala m'mphepete mwa dambo la Itawa, mudziwa kale kuti madzi a pansi ali pafupi: citsime mukumba pang'ono madzi atuluka, ndipo m'dzinja alowa m'nyumba ndi m'zimbudzi osaitanidwa. Cimene cikuvutitsani mu February ndi cimene mucita naco cidwi ku Chilengwa ndi cinthu cimodzi.

Iripo nyanja ina ya mtundu womwewo, Kashiba, ku Mpongwe, yozama koposa, kumene Alamba asimba za anthu a pfuko la Mbuzi, Bena Mbushi, amene anamangana cingwe nalowa m'madzi onse pamodzi. Imeneyo ndi ya ulendo wina. Za Chilengwa, funsani akulu a pamudzi miyambo yace, ndipo cimene akuletsani musacite, ngakhale muli Akristu olimba. Dziko ndi lao. Ana musawalole kutsikira kumadzi, pakuti mtsetse wace ndi woterera ndipo pansi pazama msanga. Kumbukiraninso kuti malire a Congo ali pafupi kwambiri ndipo m'chire mulibe mpanda wosonyeza. Yense atenge reji yace, ndipo anyamata asapite kukafuna njira zacidule. Pano ndi pabwino kudyera kamba wanu, ndipo mapepala ndi mabotolo mubwerere nazo.

Kucokera apo, dzuwa liri pamutu, mudzatembenukira ku Bwana Mkubwa, dzina la Ciswahili lotanthauza bwana wamkulu. Anthu akuda anali kukumba mkuwa pamenepa kalekale Azungu asanafike, ndipo maenje ao ndiwo anaonetsa William Collier ndi mnzace Donohoe, mu 1902, kuti pali cuma. Njanji inafika mu 1909. Mgodiwo unatsegulidwa ndi kutsekedwa kangapo, cifukwa mwala wace unali wobvuta kuyenga, ndipo ulemerero unapita ku Luanshya, Nkana, Mufulira ndi Nchanga. Za mgodi ndilekeza pamenepa, popeza inu mudziwa zambiri koposa ine. Cimene ambiri sadziwa ndi cipilala ca anthu a ku Poland. Pa nkhondo yaciwiri ya dziko lonse, Russia inatenga mabanja ambiri a ku Poland niwatumiza ku Siberia, dziko la cisanu coopsa. Mu 1942 ena analoledwa kutuluka kudzera ku Persia, ndipo boma la Britain linagawa pafupi 18,000 a iwo m'maiko a Africa. Kuno anaikidwa m'misasa ku Lusaka, ku Abercorn, ku Fort Jameson kumene tsopano ndi Chipata, ndi pa Bwana Mkubwa. Ambiri anali akazi ndi ana amasiye. Anthu a nthawi imeneyo anazizwa kuona Azungu osauka, odzilimira okha ndiwo, osadziwa Cingerezi. Nkhondo itatha anabalalika kupita ku Britain ndi maiko ena, koma ena anatsala m'manda a dziko lino.

Malo otsiriza ali kumadzulo kwa tauni, mukapatuka pa mseu waukulu wa ku Kitwe, kufupi ndi bwalo latsopano la ndege la Simon Mwansa Kapwepwe limene linatsegulidwa mu 2021. Pano musafulumire, sungirani malowa maola awiri.

Usiku wa pa 17 September 1961, ndege yochedwa Albertina inali kubwera ku Ndola kucokera ku Leopoldville, kumene tsopano ndi Kinshasa. M'menemo munali Dag Hammarskjöld, wa ku Sweden, Mlembi Wamkulu wa United Nations, ndi anthu ena 15. Anali kudza kukakambirana ndi Moïse Tshombe, amene anapatula cigawo ca Katanga, ca migodi yolemera, kucicotsa ku Congo, ndipo asilikali ace anali kumenyana ndi a United Nations. Pakati pa usiku patangopita pang'ono, ndegeyo inadutsa pamwamba pa bwalo lakale la Ndola, nyali zace ziri kuoneka, nikhota kuti itere. Siinatere. Inagwa m'nkhalango, mailosi osafika 10 kucokera pa bwalolo, ndipo akulu a boma ananena kuti anaipeza ca m'ma 3 koloko masana, patapita maola 15. Mtembo wa Hammarskjöld unapezeka pafupi ndi culu, wosapsa. Mmodzi yekha, Harold Julien, mlonda wa ku America, anapezeka wamoyo. Anakamba za kuphulika ndi za mbaliwali za moto m'mwamba, namwalira m'cipatala ca Ndola patapita masiku owerengeka.

Tsono mverani mbali imene ikhudza ife. M'nkhalango imeneyo usikuwo munali anthu, oocha makala, amene anali kulonda mauvuni ao. Ena a iwo, pamodzi ndi anthu a ku Twapia, anati anaona ndege ziwiri, yaing'ono iri pamwamba pa yaikulu, ndi moto m'mwamba ndegeyo isanagwe. Timothy Kankasa, amene anali mlembi wa komboni ya Twapia, nayenso anauza ofufuza kuti anaona ndege ziwiri. Oocha makala ena anafika pa ndegeyo mbandakuca, boma lisanafike. Anatolapo makina amene anayesa taipi, ndipo anamangidwa cifukwa ca kuba. Bwalo lofufuza la boma la Federation, mu 1962, linati woyendetsa ndege analakwa, anatsika kwambiri nagunda mitengo, ndipo umboni wa anthu akuda linauika pambali monga wosadalirika. Bwalo la United Nations la caka comweco silinathe kugamula. Anthu ena amene anaona anangokhala cete, poopa. Pa masiku amenewo munthu wakuda wotsutsa mau a boma pa nkhani yotere anali kudziitanira mabvuto.

Ine ndiona kuti kunyoza mboni zimenezo kunali kulakwa kwakukulu kwa ofufuza aja. Munthu woocha makala sadziwa maina a ndege, koma adziwa kuwerenga kufikira ziwiri, ndipo usiku wa m'nkhalango audziwa koposa woweruza ali yense. Panapita zaka 50 kuti dziko liwamvere. Mu 2011 Susan Williams, wa ku London, anasindikiza buku limene linaunikanso umboni wonse. Mu 2015 United Nations inatuma anthu atatu otsogozedwa ndi Mohamed Chande Othman, amene anali woweruza wamkulu wa Tanzania, ndipo anafika ku Ndola kudzamva okalamba amene anali akali moyo. Mu 2017 Othman analemba kuti ncotheka ndithu kuti ndegeyo inacita kuukiridwa kapena kuopsezedwa, ndipo m'malipoti ace otsatira anadandaula kuti Britain, America ndi South Africa sanatulutse makalata onse amene asunga.

Malowa anaikidwa m'gulu la malo osungidwa ndi boma mu 1970. Mudzapeza munda wa mitengo, mulu wa miyala pakati pace, nyumba yaing'ono ya zithunzi, ndi culu cija. Wosunga malo adzakuyendetsani ndi kukufotokozerani. Mfunseni osacita manyazi, ndipo ngati m'gulu lanu muli nkhalamba ya ku Twapia kapena ya ku Chifubu imene inali pano mu 1961, ikhazikeni pa mthunzi, ana akhale pansi, wina alembe zimene inene, pamodzi ndi tsiku. Caka ndi caka, mwezi wa September, pamakhala mwambo wa cikumbutso, koma tsiku limenelo ndi la akazembe ndi zolankhula zao. Gulu lofuna kufunsa mafunso lisankhe Loweruka wamba.

Nyengo yabwino ya ulendo wonse ndi kuyambira May kufikira August, pamene miseu ya fumbi ya ku Chiwala yauma ndipo dzuwa silinayambe kuocha. A ku Kitwe angathe kutsazika anzao pa mphambano ya mseu waukulu ndi kukwera basi ya kwao pomwepo. Otsala adzadutsa pa bwalo la mpira la Levy Mwanawasa, ndipo akanyamuka pa culu paja 5 koloko isanakwane adzafika ku Chipulukusu kusanade.