Nambala yolondola ya matenda a msana ndi yofunika pogawa ndalama za umoyo

KASUNGU - Mlimi wa fodya yemwe amakhalira kuwerama m'munda ndi kunyamula mabelo akadwala msana wa pakati pa mapewa, matenda akewo amakhala ndi nambala yake m'ndondomeko ya ICD-10, yomwe bungwe la World Health Organization linavomereza mu 1990.

Gawo limeneli la msana lili ndi mafupa 12, ndipo pakati pa mafupawo pali timinofu togwira ntchito ngati nkhata, totchedwa madisiki. Ngati chayambitsa ululu sichinadziwike, nambala yake ndi M54.6. Koma dotolo akapeza kuti disiki yaperepeseka kapena yasuntha, matendawo amalembedwa pa M51.

Kusiyanitsaku n'kofunika chifukwa disiki ikapanikiza mtsempha waukulu wa mumsana, miyendo ikhoza kufa, ndipo wodwala amayenera kutumizidwa ku chipatala chachikulu cha Kamuzu Central ku Lilongwe. Odwala onse akalembedwa ngati ongomva ululu, ziwerengero zomwe akuluakulu amadalira pogawa ndalama ndi madotolo zimabisa kukula kwa vutoli.

Ndondomeko yatsopano ya ICD-11, yomwe inayamba kugwira ntchito mu 2022, ili ndi manambala ena.